Joyce Mhango Chavula: mayi amene anasiya nchito ya mu ofesi n'kukacita zisudzo

Caka catha, nthawi ya masika, tinali ndi maphunziro a aphunzitsi a sukulu za akuluakulu kuno ku Fonte Boa. Tsiku lina ndinapempha gulu kuti licite kasewero kafupi, ka mphindi khumi basi, konena za mayi amene walandidwa ng'ombe ndi ngolo mwamuna wake atamwalira. Abambo anaimirira msangamsanga, ena mpaka kulimbirana kuti akhale mfumu. Koma nditafunsa kuti wamasiye akhala ndani, amayi onse anawerama. Wina anayang'ana pansi, wina n'kumakonza duku limene linali kale bwinobwino.

Mayi wina wacikulire ndiye anandiyankha. Anati: "Aphunzitsi, inetu ndine wapabanja. Ndizikalira pamaso pa anthu maliro kulibe? Apongozi anga akamva adzati ciyani?"

Mapeto ake bambo wina anamanga citenje, kuvala duku, n'kukhala wamasiye uja. Anthu anaseka mpaka kugwetsa misozi. Inenso ndinaseka nawo, koma pobwerera kunyumba mtima sunakhale m'malo. Nkhani imene tinkafuna kuti itikhudze inasanduka nthabwala, cifukwa eni ake oidziwa ululu wake anakana kuiimirira.

N'cifukwa cake lero ndikufuna tiwerenge za mayi wina wa ku Malawi, dziko limene ife a kuno timangoliona tsidya la msewu ku Lizulu. Dzina lawo ndi Joyce Mhango Chavula. Iwo amacita zisudzo, amalemba ndiponso amatsogolera mafilimu. Poyenda m'mbiri yawo tionanso mmene nchito imeneyi imagwiridwira, mavuto ake, ndi amayi ena amene ayenda njira yomweyi.

Amayi ndi masewero kwathu kuno

Tisaganize kuti kusewera nkhani pamaso pa anthu n'cinthu cacilendo kwa ife. Agogo aakazi akamanena nthano madzulo amasintha mawu, pena akhale kalulu, pena njobvu, pena mwana wamasiye. Kumeneko n'kusewera ndithu. Ku cinamwali anamkungwi amaphunzitsa ndi nyimbo, magule ndi zizindikiro. Koma zonsezi zimacitika m'nyumba kapena kumalo a amayi okhaokha.

Pabwalo zinthu zimasiyana. Gule wamkulu, amene bungwe la UNESCO linamuzindikira mu 2005 ngati cuma ca cikhalidwe ca Malawi, Mozambique ndi Zambia, ali ndi zilombo zimene zimaoneka ngati akazi, monga Mariya. Koma mbali ya amayi pabwalopo ndi kuimba ndi kuomba m'manja. Mwina n'cifukwa cake ambiri a ife tinakula tikuganiza kuti mkazi woima pakati pa bwalo n'kumasewera nkhani wataya ulemu.

Ife amene tinakulira ku Dedza ndi ku Ntcheu pothawa nkhondo, mtendere wa pa 4 Okutobala 1992 usanabwere, tinamva mawu a amayi m'masewero a pa wailesi ya MBC. Timakumbuka Kapalepale ndi Pamajiga. Pa wailesi mayi ankatha kulira, kukalipa, kunyoza apongozi, popanda womuona nkhope. Wailesi ya kanema ku Malawi inacedwa kwambiri. Nthawi yonse ya Dr. Kamuzu Banda, kuyambira 1964 mpaka 1994, dzikolo linalibe wailesi yakeyake ya kanema. Inayamba mu 1999. Ndiye kuti mtsikana wobadwa nthawi imeneyo sakanaona mayi wa kwawo pa kanema n'kunena kuti: "Inenso ndidzakhala ngati awo."

Amene analambula njira

Mayi Chavula anayamba zisudzo ali ku sekondale, kudzera m'mipikisano ya bungwe la ATEM. Ili ndi bungwe la aphunzitsi a Cingerezi ku Malawi, ndipo kwa zaka zambiri lakhala likukonza mpikisano wa masewero pakati pa masukulu. Colinga cake n'cakuti ana aphunzire kuyankhula Cingerezi mosacita mantha. Koma mpikisanowu unabalanso cipatso cina: akatswiri ambiri a zisudzo a ku Malawi anayambira komweko.

Mmodzi wa iwo anali Du Chisiza Jr., amene mu 1987 anayambitsa gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre. Gululi linkayenda m'matauni kuonetsa masewero, anthu n'kumalipira pakhomo. Sizinali zophweka ayi. Lamulo la mu 1968 linkafuna kuti sewero lililonse liyambe laonedwa ndi bungwe la boma loyang'anira zoonetsa, ndipo sewero lokhudza ndale linkatha kuletsedwa.

M'gulu la Wakhumbata munali mayi wina dzina lawo Gertrude Webster Kamkwatira. Du Chisiza atamwalira mu 1999, mayiwa ndiwo anatsogolera gululo. Pambuyo pake anayambitsa gulu lawolawo, Wanna-Do Ensemble Theatre. Ankalemba okha masewero, kuwatsogolera ndi kusewera momwemo. Ena mwa masewero awo ndi It's My Fault ndi Jesus' Retrial. Anamwalira mu 2006.

Dzina la mayi Kamkwatira tiligwire bwino, cifukwa citsanzo cawo ndico cinalimbitsa mtima mayi Chavula. Munthu savutika kwambiri kudutsa pamene waona mapazi a mnzake. Mayi Kamkwatira anaonetsa kuti mkazi angathe kukhala mwini gulu, wolemba anthu nchito, wosankha yekha nkhani yoti ikambidwe.

Caka ca 2009: kusiya malipiro a pamwezi

Asanadzipereke ku zisudzo, mayi Chavula ankagwira nchito ku kampani ya Nation Publications, imene imasindikiza nyuzipepala ya The Nation. Anali woyang'anira mbali ya zamalonda. Inali nchito yoti pakutha pa mwezi munthu amadziwa kuti alandira.

Mu 2009 anaisiya n'kuyambitsa gulu lawo la zisudzo, Rising Choreos Theatre Company.

Taimani kaye apa muganize. Akulu amati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pacala ngwa mphepo. Tayerekezani mwana wanu wamkazi waphunzira, wapeza nchito kutauni, amakutumizirani ya feteleza caka ndi caka. Ndiye tsiku lina akuuzani kuti: "Amayi, ndasiya, ndikufuna ndizicita masewero." Ambiri a ife tingaitane ankhoswe, mwinanso abusa kapena ansembe kuti akamupempherere. Mantha amenewa si opusa. M'zisudzo mulibe malipiro okhazikika. Lero holo yadzaza, mawa mvula yagwa anthu osabwera, koma ndalama ya holo ndi ya galimoto mwalipira kale.

Apa pali cinthu cimodzi cimene tingacione tokha. Munthu amene wagwirapo nchito ya malonda amadziwa kuitanira anthu, kupempha makampani kuti athandize, ndi kuwerengera zolowa ndi zotuluka. Gulu la zisudzo limafuna luso limeneli mofanana ndi luso la kusewera. Magulu ambiri amafa ali ndi akatswiri, cifukwa cosowa munthu wodziwa kusunga buku la ndalama.

Mu 2011 gulu la Rising Choreos linaonetsa sewero la The Return. M'seweroli munali anthu a ku Malawi pamodzi ndi a ku Nigeria, ndipo wochuka pa onse anali Patience Ozokwor. Ngati munaonerapo mafilimu a ku Nigeria m'kanyumba ka vidiyo pa msika, mayiwa mukuwadziwa: ndi aja amakonda kusewera ngati mpongozi wankhanza, ena amawachula kuti Mama G. Seweroli linayenda m'zigawo zonse zitatu za Malawi. Kwa anthu oonera, cinali cinthu cacikulu kuona munthu amene ankangomuona pa kanema ataima pa nsanja imodzi ndi ana a kwawo.

Kusewera pa nsanja ndi kusewera pa kamera

Kucokera pamenepo mayi Chavula analowa m'mafilimu. Anaoneka m'filimu ya Kamara Tree ya Desmond Elliot wa ku Nigeria, komanso m'filimu ya The Last Fishing Boat ya Shemu Joyah, imene inatuluka mu 2012. Ena amaganiza kuti wodziwa kusewera pa nsanja sangavutike pa kamera. Zimasiyana ndithu, ndipo tiyeni tione kusiyana kwake.

Coyamba ndi mawu ndi thupi. Pa nsanja munthu amakweza mawu ndi kutambasula manja kuti wokhala kumbuyo kwenikweni amve ndi kuona. Kamera imabwera pafupi ndi nkhope, imaona ngakhale kuphethira kwa diso. Ukacita mokokomeza, woonera amadziwa kuti ukunama. Ndiye wosewera pa kamera amaphunzira kucepetsa.

Caciwiri ndi dongosolo. Sewero la pa nsanja limayamba poyamba n'kuthera kumapeto. Filimu sijambulidwa conco. Ngati m'nkhani muli zigawo zisanu zocitikira kunyanja, zonsezo amazijambula ulendo umodzi kuti asawononge ndalama ya mafuta. Motero mayi angathe kujambulidwa m'mawa akulira maliro a mwamuna wake, masana n'kujambulidwa akuvina pa ukwati ndi mwamuna yemweyo. Ayenera kudziwa nkhani yonse pamtima kuti pa cigawo ciliconse akumbuke pamene wacokera ndi kumene akupita.

Cacitatu ndi kubwereza. Cigawo cimodzi cimajambulidwa kangapo. Mwina tambala walira pakati pa mawu, mwina cigayo cayamba kulira, mwina mtambo waphimba dzuwa. Wotsogolera amangoti tibwereze. Ngati ndi cigawo ca misozi, misoziyo ituluke kacisanu ngati mmene inatulukira koyamba. Duku likhale mbali yomweyo, ndowa ikhale m'dzanja lomwelo, cifukwa wolumikiza zithunzi pa kompyuta adzatenga kacidutswa apa, kena apo, n'kuziika pamodzi.

Cacinayi ndi kuwerenga. Filimu imayamba ndi buku la sewero, mmene mwalembedwa mawu a munthu aliyense, malo ndi nthawi. Wosewera amaliwerenga, amaloweza mawu ake, ndipo amafunika kumvetsa zimene munthu wa m'nkhaniyo akubisa mumtima. Palinso pepala la mgwirizano limene amasaina, lonena za malipiro. Wosaina cinthu cimene sanaciwerenge amadzalira filimu yake ikugulitsidwa iye ali cimanjamanja.

Filimu yawo yoyamba: nkhani ya kulanda cuma ca masiye

Wosewera amadikira kuti wina amuitane. Ngati olemba nkhani onse ndi amuna, kawirikawiri mkazi amapatsidwa malo omwe aja: wokongola wolimbirana, mfiti, kapena mayi wolira pakhonde. Mayi Chavula sanadikire. Anayamba kupanga mafilimu awoawo.

Yoyamba inali No More Tears, ya mu 2013, imene inajambulidwa ku Lilongwe ndi m'mbali mwa nyanja ku Salima. Nkhani yake ndi ya mtsikana wa zaka 20 amene mayi ake amwalira ndi Edzi, iye n'kutsala akusamala bambo ake. Bambowo atamwaliranso, abale awo abwera kudzatenga katundu, mtsikana uja n'kutsala wopanda kanthu.

Kodi ndi mudzi uti kuno ku Angónia kapena ku Tsangano umene sunaonepo zotere? Maliro asanathe n'komwe, ena ayamba kale kuwerenga malata, njinga ndi matumba a kacewere. Ku Malawi, lamulo la mu 2011 lokhudza cuma ca munthu womwalira limati kulanda cuma ca masiye ndi mlandu. Kuno ku Mozambique nakonso, lamulo latsopano la za colowa la mu 2019 linalimbitsa ufulu wa mkazi kapena mwamuna wotsala, kumuika patsogolo pamodzi ndi ana. Koma lamulo limakhala m'buku, ndipo bukulo lili m'Cipwitikizi kapena m'Cingerezi. Nkhani yoseweredwa bwino imafika pamene buku la malamulo silifika. Amalume amene sangamvere wophunzitsa malamulo angathe kudziona okha pa kanema n'kucita manyazi.

Mphoto ya ku Lagos

Mu 2015 mayi Chavula anatulutsa filimu ya Lilongwe. Caka cotsatira, mu Marici 2016, filimuyi inapambana pa mpikisano wa Africa Magic Viewers' Choice Awards mumzinda wa Lagos ku Nigeria, ngati filimu yabwino koposa yocokera kumwera kwa Africa.

Kuti timvetse kukula kwa mphotoyi, tikumbuke kuti Nigeria ndi limodzi mwa maiko amene amapanga mafilimu ambiri pa dziko lonse. Nchito imeneyi inakula kwambiri kumeneko kuyambira mu 1992, pamene filimu ya Living in Bondage inagulitsidwa pa matepi a vidiyo. Mpikisano wa Africa Magic unayamba mu 2013 ndipo umaonetsedwa pa DStv m'maiko ambiri a mu Africa. Ndiye mayi wocokera ku dziko limene linali litangokhala ndi wailesi ya kanema zaka 17 zokha anakwera pa nsanja imeneyo n'kulandira mphoto.

Filimu yawo yotsatira, Nyasaland, inasankhidwanso kupikisana nawo pa mphoto yomweyi mu 2018. Caka cimeneco inapambana ndi filimu inanso ya ku Malawi, The Road to Sunrise ya Shemu Joyah. Nyasaland inakaonetsedwanso ku America pa cikondwerero ca Silicon Valley African Film Festival. Kuwonjezera pa kupanga mafilimu, mayi Chavula akhalapo wachiwiri kwa mtsogoleri wa bungwe la opanga mafilimu ku Malawi, la Film Association of Malawi.

Sali okha

Mutu umodzi susenza denga. Pali amayi ena amene tiyenera kuwadziwa.

Flora Suya anadziwika ndi filimu ya Shemu Joyah yochedwa Seasons of a Life. M'menemo anasewera ngati Sungisa, mtsikana wanchito wa m'nyumba amene abwana ake amupatsa mimba, ndipo mwanayo aleredwa ndi banja la abwanawo. Sungisa abwerera kusukulu, aphunzira zamalamulo, kenako apita kukhoti kukamenyera mwana wake. Pa nchito imeneyi Flora Suya anasankhidwa kupikisana nawo pa mphoto za Africa Movie Academy Awards mu 2010. Pa mpikisano womwewo Tapiwa Gwaza, amene anasewera m'filimu yomweyi, anapambana ngati mayi wosewera bwino pa malo othandizira. Mu The Last Fishing Boat, Flora Suya anali Abiti Anefa, mkazi wacitatu wa msodzi wa m'mbali mwa nyanja. Nayenso pambuyo pake anapanga filimu yakeyake, My Mother's Story.

Lily Banda, amenenso ndi woimba, anasewera m'filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind ya mu 2019, imene inaonetsedwa pa Netflix. Ndi nkhani yoona ya William Kamkwamba wa ku Kasungu, mnyamata amene anasiya sukulu cifukwa cosowa fizi pa nthawi ya njala, n'kumakawerenga mabuku ku laibulale mpaka kupanga makina a mphepo otulutsa magetsi. Lily Banda anali Annie, mlongo wake wa William. M'filimuyi anthu amayankhula Cicewa kwambiri. Koma mayi ake a William anaseweredwa ndi Aïssa Maïga, wobadwira ku Senegal n'kukulira ku France, ndipo William anaseweredwa ndi Maxwell Simba wa ku Kenya. Iwowa anacita kuphunzira ciyankhulo cathu cifukwa ca filimuyi. Anayesetsa ndithu, koma khutu la mwini ciyankhulo limamva pamene lilime lapunthwa. Funso limabwera lokha: malo akuluakulu otere adzayamba liti kupita kwa eni ciyankhulo?

Nanga ndalama zimasowera pati?

Wina angaganize kuti munthu wolandira mphoto ku Lagos ndiye kuti walemera. Sizili conco kwenikweni. Kupanga filimu kumafuna kamera, zojambulira mawu, magetsi, galimoto, cakudya ca gulu lonse kwa masabata angapo, ndi malipiro a osewera. Kuti ndalamazo zibwerere pamafunika anthu olipira poonera. Koma nyumba zoonetsera kanema n'zocepa kwambiri ku Malawi, ndipo kuno kwathu kumapiri kulibiretu.

Ndiye filimu imatifika bwanji ife? Tonse tikudziwa. Timapita kwa mnyamata wa kompyuta pa msika, kumupatsa timetikali tocepa, iye n'kutidzazira memori khadi ya foni ndi nyimbo ndi mafilimu. Mnyamatayo wapeza ya sopo, ife tasangalala, koma mayi amene analira kasanu pa kamera uja sanalandirepo kanthu. Ku Malawi kuli bungwe la COSOMA, limene linakhazikitsidwa mu 1992 kuti liziteteza nchito za aluso, ndipo mu 2016 dzikolo linakonzanso lamulo la umwini wa nchito zotere. Komabe kulondola memori khadi iliyonse m'misika ya kumalire n'kosatheka.

Zotsatira zake n'zakuti ambiri opanga mafilimu amakhala ndi nchito ina yowadyetsa. Shemu Joyah, mwacitsanzo, nchito imene anaphunzira ndi yoyeza malo. Ena amadalira mabungwe amene amapereka ndalama kuti filimu inyamule uthenga wa zaumoyo kapena wa ufulu wa amayi. Thandizo limenelo n'labwino, koma woliza ng'oma ndiye amasankha gule. Nkhani imene ilibe uthenga wa bungwe imavuta kupeza woithandiza.

Palinso nkhani ya ciyankhulo. Mafilimu ambiri a ku Malawi amene apita ku mipikisano ya kunja amayankhula Cingerezi kwambiri, kuti oweruza ndi oonera akutali amve. Pamene kuno m'tinyumba ta vidiyo, mafilimu amene amadzaza mabenci ndi aja a ku India, ku China ndi ku Nigeria amene anyamata awamasulira m'Cicewa, n'kumathiramo nthabwala zawo. Izi zikutiuza kuti njala ya kumva nkhani m'ciyankhulo cathu ilipo, ndipo ndi yaikulu.

Zimene maiko ena anacita

Ena amati ciyankhulo cathu n'cacing'ono, sicingakhale ndi mafilimu akeake. Tiyeni tione dziko la Georgia, limene lili kumapiri a Caucasus, pakati pa Russia ndi Turkey. Anthu ake, pa kalembera wa mu 2014, anali pafupifupi 3.7 miliyoni basi, ndipo ali ndi ciyankhulo cawo ndi zilembo zawozawo 33. Malawi yekha, pa kalembera wa mu 2018, anali ndi anthu oposa 17 miliyoni, osawerengera ife a ku Tete ndi ku Niassa ndi abale athu a ku Zambia. Koma Georgia wakhala akupanga mafilimu kwa zaka zoposa 100.

Kumeneko kunali mayi wochuka dzina lawo Sofiko Chiaureli, amene anabadwa mu 1937 n'kumwalira mu 2008. Mayi awo, Veriko Anjaparidze, analinso katswiri wa zisudzo, ndipo bambo awo, Mikheil Chiaureli, anali wotsogolera mafilimu. M'filimu ya The Color of Pomegranates ya Sergei Parajanov, ya mu 1969, Sofiko Chiaureli anasewera anthu angapo, wina mwa iwo mnyamata. Taonani kusiyana kwake: kwathu kuno mwamuna amavala duku cifukwa amayi akana, kumeneko mkazi anapatsidwa ngakhale malo a mwamuna cifukwa ca luso lake. Cinathandiza n'cakuti mumzinda wa Tbilisi munali sukulu yophunzitsa zisudzo ndi malo a boma opangira mafilimu, motero luso linkacoka kwa mayi kupita kwa mwana.

Dziko lathunso linayesapo. Titangolandira ufulu mu 1975, boma la Samora Machel linakhazikitsa Instituto Nacional de Cinema, ndipo magalimoto ankayenda m'midzi kuonetsa nkhani za Kuxa Kanema. Mu 1985 kunatuluka filimu ya O Tempo dos Leopardos, mmene munasewera Ana Magaia. Mu 1986 ku Maputo kunabadwa gulu la zisudzo la Mutumbela Gogo, mmene Lucrécia Paco anachukira. Koma nkhondo inaononga zambiri, ndipo mu 1991 moto unatentha nyumba ya Instituto ija. Komanso zonsezi zinkacitikira kutali ndi ife, kumwera, ndipo kawirikawiri m'Cipwitikizi. Mayi Chavula ndi anzawo anayamba popanda thandizo la boma ngati limenelo.

Tibwerere ku kasewero kathu

Patatha masiku atatu cicitikire zija, ndinafotokozera gulu langa mbiri imeneyi monga ndakufotokozerani inu. Sindinakakamize munthu. Ndinangopempha kuti tiyesenso, koma ulendo uno amayi alembe okha mawu a wamasiye, aliyense ciganizo cimodzi pa bolodi. Analemba zinthu zimene ine, ndi maphunziro anga a ku koleji, sindikanaziganiza. Wina analemba za mphika umene analandidwa nsima ili momwemo.

Mawu atakwana, mayi wina wa zaka za m'ma 30 anaimirira n'kuti awawerenga, koma ali cikhalire pa mpando, osayenda pakati. Tinavomera. Anawerenga pang'onopang'ono, kwina akukakamira pa zilembo. Palibe anaseka. Bambo amene anavala duku tsiku lija anangoti zii, maso ali pansi. Mayi wacikulire uja, wa apongozi, ndiye anayamba kupukuta m'maso ndi nsonga ya citenje.

Sindikunena kuti mtsikana aliyense asiye sukulu kapena nchito n'kuthamangira zisudzo. Mwaona nokha kuti njirayo ili ndi minga, ndipo mayi Chavula anailowa ataphunzira kale ndi kudziwa za malonda. Koma mwana wanu wamkazi akabwera n'kukuuzani kuti wasankhidwa kusewera m'sewero la kusukulu, la kuchalichi kapena la pa wailesi ya m'dera, musathamangire kunena kuti wayamba uhule. Mufunseni nkhani yake, mumuthandize kuloweza mawu, ndipo tsiku loonetsa mupite mukakhale kutsogolo.

Mafunso okambirana pa gulu

Kodi m'mudzi mwanu anthu amati ciyani akaona mayi wapabanja akusewera m'sewero? Maganizo amenewo anacokera kuti?

N'cifukwa ciyani wosewera m'filimu ayenera kudziwa kuwerenga? Chulani zifukwa ziwiri zimene mwazipeza m'nkhaniyi.

Tikaika filimu mu foni pa msika, ndani amapindula ndipo ndani amaluza?

Mukanati mupange filimu ya kwanu kuno, mukanasankha nkhani yanji? Lembani ziganizo zitatu zoyambira nkhaniyo, mudzaziwerenge pa gulu sabata yamawa.